Madzi Okoma, Mpweya Wowawa: Zomwe Akhristu ndi Abuda Akuphunzitsana ku Amanzimtoti

Kummwera kwa mzinda wa Durban ku South Africa, zipembedzo ziwiri zomwe sizigwirizana ngakhale pa funso loti kodi dziko lili ndi Mlengi, zakhala zikukumana pa nkhani ya madzi, mpweya ndi nthaka. Kukumanaku kuli ndi phunziro kwa anthu a m'chigawo chonse cha kummwera kwa Africa.

Mbiri yapakamwa ya Azulu imati m'chaka cha 1828 mfumu Shaka, ili paulendo ndi asilikali ake, idaima pamtsinje wina kummwera kwa komwe lero kuli Durban, ndipo itamwa madzi a mumtsinjemo idayamikira kukoma kwake. M'Chizulu chinthu chokoma amati "mnandi", koma poti mayi wake wa mfumuyo dzina lawo linali Nandi, ulemu sudalole kuti mawuwo atchulidwe mwachisawawa. Choncho mfumu idati madziwo ndi "mtoti". Umu ndi momwe mtsinjewo, pamodzi ndi tauni yomwe idadzakula m'mphepete mwa nyanja ya mchere pamalopo, idapezera dzina loti Amanzimtoti, kutanthauza madzi okoma.

Koma m'zaka zapitazi madzi asanduka chinthu choopedwa m'derali. Pa Pasaka wa mu April 2019 mvula yamphamvu idagumula zitunda za mchenga za ku Amanzimtoti, nyumba zina n'kugwera kuphompho eni ake akuona. Anthu oposa 60 adafa m'madera ozungulira Durban. Patangotha zaka zitatu, pa 11 ndi 12 April 2022, kudagwa mvula yoposa mamilimita 300 pa tsiku limodzi m'madera ena. Anthu oposa 400 adataya miyoyo, ena pafupifupi 40,000 adasowa pokhala, milatho ndi mapaipi a madzi zidakokoloka, ndipo fakitale ya galimoto ya Toyota ku Prospecton, pafupi ndi Amanzimtoti, idaima ntchito kwa miyezi ingapo. Zonyansa za m'masuweji zidasefukira m'mitsinje mpaka magombe ena adatsekedwa.

Pakagwa zoterezi munthu amafunsa mafunso awiri. Loyamba ndi loti chachitika n'chiyani, ndipo limeneli akatswiri a sayansi amaliyankha. Lachiwiri ndi loti nanga anthu azikhala bwanji pa dziko lomwe layamba kubwezera chonchi. Funso lachiwirili ndi lomwe lakhala likukumanitsa Akhristu, omwe ndi ochuluka zedi m'chigawo cha KwaZulu-Natal, ndi Abuda, omwe ndi kagulu kochepa kwambiri.

Liwu limodzi, matanthauzo atatu

Azulu ali ndi liwu loti "umoya". Liwuli limatanthauza mphepo, limatanthauza mpweya womwe munthu amapuma, komanso limatanthauza mzimu. Mzimu Woyera m'Chizulu ndi uMoya oNgcwele. N'chimodzimodzinso m'Chiheberi ndi m'Chigiriki, zilankhulo zomwe Baibulo lidalembedwamo: liwu lonena za mzimu ndi lomwelo lonena za mphepo. Buku la Genesis limafotokoza kuti munthu adakhala wamoyo Mulungu atamuuzira mpweya m'mphuno. Kumbali ya Abuda, phunziro loyamba la kusinkhasinkha ndi kukhala phee n'kumatsatira mpweya pamene ukulowa ndi kutuluka, mpaka munthu aone yekha kuti moyo wake ukudalira chinthu chomwe sangachisunge m'nkhokwe ngakhale kwa mphindi zisanu.

Kwa anthu okhala pakati pa Amanzimtoti ndi doko la Durban, nkhani ya mpweya ndi ya tsiku ndi tsiku. Malamulo a tsankho, makamaka lamulo la 1950 logawa malo okhala potengera khungu, adaika anthu akuda, Amwenye ndi makaladi moyandikana ndi mafakitale m'madera a Wentworth, Merebank, Isipingo ndi Umlazi. Kumeneku kudamangidwa mafakitale awiri akuluakulu oyenga mafuta, fakitale ya mapepala, ndi mafakitale a mankhwala a ku Umbogintwini, omwe ali pakhomo penipeni pa Amanzimtoti. Kafukufuku yemwe adachitika kumayambiriro a zaka za m'ma 2000 pa sukulu ya pulayimale ya Settlers ku Merebank adapeza kuti oposa theka la omwe adayezedwa anali ndi zizindikiro za mphumu.

Anthu a m'maderawa sadakhale chete. Pakati pa zaka za m'ma 1990 adakhazikitsa bungwe la South Durban Community Environmental Alliance, lomwe lidaphunzitsa anthu wamba kutapa mpweya pogwiritsa ntchito zidebe zokonzedwa mwapadera n'kuutumiza kukayezedwa. Umboni wa m'zidebezo udathandiza pa kampeni yomwe idafikitsa ku lamulo latsopano loteteza mpweya la 2004. Mtsogoleri wa bungwelo, Desmond D'Sa, adalandira mphotho ya Goldman mu 2014 kaamba kolimbana mpaka dzala la zinyalala zapoizoni la Bulbul Drive ku Chatsworth lidatsekedwa. Fakitale ya mafuta ya Engen idasiya kuyenga itaphulika mu December 2020, ndipo ya Sapref idaima mu 2022.

M'dera lotere, mlaliki wonena za Mzimu ndi mphunzitsi wa kusinkhasinkha wouza anthu kuti apume mozama, onse amakumana ndi funso limodzi: kodi mpweya womwe mwana akupumawo uli ndi chiyani?

Momwe zipembedzo ziwirizi zidafikira

Chikhristu chili ndi mizu yozama ku Amanzimtoti. Dokotala wa ku America, Newton Adams, adakhazikitsa mishoni m'derali m'zaka za m'ma 1840, ndipo mu 1853 padatsegulidwa sukulu yomwe idadzatchuka ndi dzina loti Adams College. Pasukuluyi padaphunzira John Dube, mtsogoleri woyamba wa chipani cha ANC, komanso Joshua Nkomo wa ku Zimbabwe. Albert Luthuli, munthu woyamba wa mu Africa kulandira mphotho ya mtendere ya Nobel, adaphunzitsa pamenepa kwa zaka zoposa khumi. Kuyambira pachiyambi, mishoniyi idaphatikiza tchalitchi, sukulu ndi mankhwala, osaona ngati chikhulupiriro ndi maphunziro n'zolimbana. Kumpoto chakumadzulo kwake, amonke a Chikatolika a chipani cha Trappist motsogozedwa ndi Franz Pfanner adakhazikitsa Mariannhill mu 1882, komwe pemphero linkayendera limodzi ndi ntchito ya kumunda.

Chibuda chidafika mwakachetechete. Kuyambira 1860 sitima za pamadzi zidayamba kubweretsa Amwenye odzagwira ntchito m'minda ya nzimbe ya ku Natal. M'zaka za m'ma 1910 ndi 1920, ena mwa iwo, makamaka olankhula Chitamil omwe ankanyozedwa chifukwa cha mtundu wobadwira, adalowa Chibuda pofuna chipembedzo chosasankha munthu. Gulu limenelo lidachepa m'kupita kwa nthawi. Kenaka mu 1970 katswiri wa zomangamanga wochokera ku Netherlands, Louis van Loon, adagula malo oguga m'mapiri a ku Ixopo, ulendo wa maola osakwana awiri pagalimoto kuchokera kugombe, ndipo mu 1980 adatsegulapo Buddhist Retreat Centre, malo opumulirako ndi kusinkhasinkha. Pambuyo pake kudabwera Abuda ochokera ku Taiwan, omwe ena adamanga kachisi wa Nan Hua ku Bronkhorstspruit kuyambira 1992, pomwe ena adadzipereka pa ntchito zachifundo m'madera a anthu osauka ozungulira Durban.

Pomwe amasiyana

Kukambirana koona kumayamba ndi kuvomereza kuti pali kusiyana, ndipo pakati pa Chikhristu ndi Chibuda kusiyanako n'kwakukulu. Mkhristu amakhulupirira kuti dziko lidalengedwa ndi Mulungu yemwe amalikonda ndi kulisamalira, ndipo munthu adapatsidwa udindo wolilima ndi kuliyang'anira. Chibuda sichiphunzitsa za Mlengi. Chimati chilichonse chimakhalapo chifukwa cha zinthu zina zomwe zachititsa, ndipo zochititsazo zikatha nachonso chimatha. Mkhristu amati munthu aliyense ali ndi mzimu womwe udzaima pamaso pa Mulungu. Buddha adaphunzitsa kuti mwa munthu mulibe kanthu kokhazikika kosasintha komwe angakatche kuti ndiko iye mwini, ndipo kukakamira maganizo otero ndiko gwero la mavuto. Mkhristu amayembekeza kuuka kwa akufa, pomwe Mbuda amafuna kumasuka ku kubadwa kobwerezabwereza.

Kusiyanaku kwabweretsapo mikwingwirima. Mu 1994 Papa Yohane Paulo Wachiwiri adalemba m'buku lina mawu osonyeza kuti Chibuda chimaona dziko ngati chinthu chofunika kuchithawa, ndipo atapita ku Sri Lanka mu January 1995 atsogoleri a Chibuda adakana kukumana naye. Komabe pali ena omwe adatsegula njira. Msonkhano waukulu wa Vatican Wachiwiri mu 1965 udalimbikitsa Akatolika kulemekeza zoona ndi zoyera zopezeka m'zipembedzo zina. Thomas Merton, mmonke wa chipani cha Trappist chomwe chidayambitsanso Mariannhill, adakacheza ndi Dalai Lama ku Dharamsala mu November 1968, patangotsala milungu yochepa kuti amwalire ku Thailand. Mu 1996 amonke ndi asisitere a zipembedzo ziwirizi adasonkhana kunyumba ya amonke ya Gethsemani ku America, komwe Merton ankakhala, kupitiriza zomwe iye adayamba.

Kuno kummwera kwa Africa, chithunzi chodziwika bwino cha ubalewu ndi cha Arkibishopu Desmond Tutu ndi Dalai Lama. Dalai Lama adalephera kupeza chitupa cholowera m'dziko la South Africa mu 2011 kuti akakhale nawo pa chikondwerero cha zaka 80 za Tutu, zomwe zidamukwiyitsa Tutu kwambiri. Mu 2015 Tutu adapita yekha ku Dharamsala, ndipo zokambirana zawo za sabata imodzi zidatuluka m'buku la The Book of Joy mu 2016. Palibe yemwe adatembenuza mnzake. Aliyense adabwerera ndi chikhulupiriro chake, koma ubwenzi wawo udaonetsa kuti anthu angathe kusiyana pa za kumwamba n'kumagwirizana pa za chifundo.

Zomwe sayansi imanena, ndi pomwe imalekezera

Patatha mwezi umodzi chigumula cha 2022 chitachitika, akatswiri a gulu la World Weather Attribution adatulutsa zotsatira za kafukufuku wawo. Adapeza kuti kutentha kwa dziko, komwe kwadza chifukwa cha utsi wa malasha, mafuta ndi gasi, kwachititsa kuti mvula yoopsa chonchi, yomwe kale inkayembekezereka kamodzi pa zaka 40, tsopano izibwera kamodzi pa zaka 20, komanso kuti idali yamphamvu ndi maperesenti 4 mpaka 8 kuposa momwe ikadakhalira. Chifukwa chake n'chosavuta kumva: nyanja ikatentha imatulutsa nthunzi yambiri, mpweya wotentha umanyamula chinyezi chochuluka, ndipo chinyezicho chikakhuthuka chimakhuthuka chonse nthawi imodzi. Akatswiriwo adaonjezera kuti chiwerengero cha omwalira chidakula chifukwa anthu osauka adamanga m'malo otsetsereka ndi m'mphepete mwa mitsinje posowa kwina kopita, komanso chifukwa ngalande zinali zakale ndi zosasamalidwa.

Zipembedzo zonse ziwiri zili ndi anthu omwe amalandira umboni woterewu mosanyinyirika. Mmodzi mwa oyamba kufotokoza kuti thambo lonse likufutukuka, mu 1927, anali wansembe wa Chikatolika wa ku Belgium, Georges Lemaître. Ku Cape Town, George Ellis, katswiri wa zakuthambo yemwe adalembapo buku limodzi ndi Stephen Hawking, ndi wa mpingo wa Quaker, ndipo mu 2004 adalandira mphotho ya Templeton chifukwa cha ntchito yake yolumikiza sayansi ndi chikhulupiriro. Naye Dalai Lama wakhala akukumana ndi asayansi kuyambira 1987 kudzera m'bungwe la Mind and Life, ndipo adanenetsa kuti ngati sayansi itatsimikiza kuti chiphunzitso china cha Chibuda n'cholakwika, Abuda ayenera kuchisiya. Mu August 2017 bungweli lidachititsa msonkhano ku Gaborone m'dziko la Botswana pa mutu wa umunthu, ngakhale kuti Dalai Lama mwiniwake sadathe kupita.

Sayansi nayo idadzudzulapo chipembedzo. Mu 1967 katswiri wa mbiri yakale Lynn White adalemba m'magazini ya Science kuti Chikhristu cha kwa Azungu chili ndi mlandu pa kuonongeka kwa chilengedwe, chifukwa chidatanthauzira lamulo la m'Genesis loti munthu alamulire dziko ngati chilolezo cholidyera masuku pamutu. Chidzudzulochi chidachititsa akatswiri a zaumulungu kubwerera m'Baibulo n'kukumbutsa mipingo kuti buku lomwelo limati munthu adaikidwa m'munda kuti ausamale. Abuda nawo sangadzitame, poti maiko omwe chipembedzo chawo n'chofala, monga Thailand, adataya nkhalango zambiri m'zaka za m'ma 1900.

Komwe sayansi imalekezera ndi pa funso loti zokwanira n'zochuluka bwanji. Chipangizo choyezera mpweya chimanena kuchuluka kwa poizoni, koma sichingauze mwini fakitale kuti mwana wa ku Merebank ndi wofunika mofanana ndi wake. Apa ndi pomwe zipembedzo ziwirizi zimalankhula mawu ofanana modabwitsa. Buddha adati mizu ya mavuto ndi itatu: umbombo, chidani ndi umbuli. Chikhristu chimatcha umbombo kuti ndi kupembedza mafano. Mu 2015, chaka cha pangano la Paris, Papa Francisco adatulutsa kalata ya Laudato si' yopita kwa munthu aliyense wokhala pa dziko, ndipo patapita miyezi yochepa atsogoleri a Chibuda, kuphatikizapo Dalai Lama ndi Thich Nhat Hanh, adasaina uthenga wopempha atsogoleri a maiko kuti asiye kudalira malasha ndi mafuta. Zikalata ziwirizo zidachokera ku ziphunzitso zosiyana koma zidaloza chala pa matenda amodzi, omwe ndi mtima wosakhuta.

Tsiku la ku Kings Park

Mzinda wa Durban udaona mgwirizano wotere ndi maso pa 27 November 2011, tsiku loti mawa lake msonkhano wa 17 wa United Nations wokambirana za kusintha kwa nyengo uyamba mumzindawu. Atsogoleri a zipembedzo zosiyanasiyana adasonkhana pabwalo la masewero la Kings Park pa kampeni yotchedwa We Have Faith. Achinyamata adali atayenda pamsewu kuchokera ku Nairobi kudzera ku Tanzania, Malawi, Zambia ndi Botswana akusonkhanitsa masaini a anthu, ndipo Arkibishopu Tutu adapereka pempho la anthu pafupifupi 200,000 kwa mkulu wa zokambiranazo, Christiana Figueres. Usiku womwewo mvula yamkuntho idagwa mu Durban n'kupha anthu angapo m'madera a osauka.

Limodzi mwa mabungwe omwe adakonza tsikuli ndi Southern African Faith Communities' Environment Institute, lomwe lidakhazikitsidwa mu 2005 motsogozedwa ndi bishopu wa Anglican, Geoff Davies. M'bungweli muli Akhristu, Asilamu, Ahindu, Ayuda, Abahai, Abuda ndi otsatira zipembedzo za makolo. Silifuna kuti mamembala ake agwirizane pa za Mulungu, koma pa za dziko lomwe onse amapondapo. Mu April 2017 bungweli, pamodzi ndi la Earthlife Africa, lidapambana mlandu kubwalo lalikulu la milandu ku Cape Town, lomwe lidathetsa mapangano omwe boma lidachita mobisa pa zomanga malo opangira magetsi a nyukiliya. Akuluakulu adati mutu umodzi susenza denga, ndipo mlanduwu udaonetsa kuti anthu opemphera mosiyana angathe kusenza denga limodzi.

Funso la asisitere atatu

Kukambirana kwina kumachitika popanda msonkhano. Mu 1966 ku Hualien, m'dziko la Taiwan, asisitere atatu a Chikatolika adakacheza ndi sisitere wachinyamata wa Chibuda, Cheng Yen. Pokambirana adavomereza kuti chiphunzitso cha Buddha cha chifundo n'chozama, koma adamufunsa kuti nanga zipatala ndi sukulu za Abuda zothandiza osauka zili kuti. Funsolo lidamulasa mtima. Chaka chomwecho adayambitsa bungwe la Tzu Chi ndi amayi apakhomo 30, omwe tsiku lililonse ankaponya kakobiri m'kabokosi ka nsungwi asadapite kumsika. Lero bungweli lili ndi zipatala ndi sukulu, ndipo limagwira ntchito m'maiko ambiri. Mu 1990 Cheng Yen adapempha omutsatira kuti ayambe kutola ndi kusankhula zinyalala, ndipo mabotolo a pulasitiki omwe amatola amasandutsidwa mabulangete ogawira anthu pa nthawi ya ngozi.

Ku Durban bungweli lakhala likugwira ntchito kuyambira m'zaka za m'ma 1990. Lidayamba ndi kuphunzitsa amayi kusoka, kenaka amayi omwewo adayamba kuyendera odwala Edzi m'makomo, kuphikira ana amasiye ndi kulima madimba a ndiwo zamasamba. Chochititsa chidwi n'chakuti ambiri mwa amayi a Chizulu ovala yunifolomu ya bungwe la Chibudali ndi Akhristu, omwe Lamulungu amapita kumatchalitchi awo. Ena a iwo adayendapo m'maiko oyandikana nawo kukaphunzitsa anzawo ntchito yomweyi, ndipo namondwe wa Idai ataononga ku Mozambique mu 2019, Tzu Chi idali pakati pa mabungwe omwe adathandiza anthu a m'chigawo cha Sofala. Funso lomwe Akhristu adafunsa Mbuda ku Taiwan lidazungulira dziko n'kudzayankhidwa ndi manja a Akhristu ku KwaZulu-Natal.

Namzeze wa ku Ixopo ndi ku Nyika

Ku Ixopo, pamalo omwe Van Loon adagula ali oguga, padabzalidwa mitengo yachilengedwe yambirimbiri, ndipo udzu wa m'mapiri udasiyidwa kuti ubwerere mwakale. M'nthawi ya ulamuliro wa Nelson Mandela malowa adazindikiridwa kuti ndi cholowa cha chilengedwe choyenera kutetezedwa. Chimodzi mwa zifukwa zake ndi kambalame kotchedwa namzeze wobiriwira ngati thambo, komwe m'dziko la South Africa katsala pang'ono kutheratu. Kambalameka kamamanga chisa m'maenje a pansi, m'madambo a m'mapiri a nkhungu, ndipo kamasowa pokhala anthu akadzala paini ndi bulugamu pomwe padali udzu. Apa sayansi idaphunzitsa opemphera chinthu chomwe mtima wabwino pawokha sukadadziwa: si paliponse pomwe kubzala mitengo kumathandiza, poti dambo la udzu nalo ndi chilengedwe chofuna kusamalidwa.

Namzeze yemweyu amaswananso pa phiri la Nyika ku Malawi, komwe kuli gulu limodzi mwa magulu aakulu kwambiri a mbalamezi, ndipo nyengo yozizira ikafika amauluka kupita kumadera ozungulira nyanja ya Victoria. Mbalame yosadziwa malire a maiko imeneyi ndi chitsanzo cha zomwe Abuda amatanthauza akamati zinthu zonse n'zolumikizana, komanso cha zomwe Yesu ankatanthauza pophunzitsa kuti ngakhale mpheta siiwalika pamaso pa Mulungu.

Kunsi kwa phiri la malo osinkhasinkhawa kuli chigwa cha Ufafa, komwe Edzi idasakaza mabanja ambiri. M'chaka cha 2000 anthu ogwirizana ndi malowa, pamodzi ndi eni dera, adayambitsa ntchito yosamalira odwala ndi ana. Adaitcha Woza Moya, kutanthauza kuti bwera Mzimu, mawu omwe Mkhristu aliyense wa Chizulu amawadziwa kuchokera kutchalitchi.

Phunziro kwa a kumpoto kwa Limpopo

Zomwe zidachitika ku Amanzimtoti si zachilendo kwa Amalawi, omwe ambiri mwa iwo amakhala ndi kugwira ntchito mu Durban momwemo. Mu March 2023 namondwe wa Freddy adagumula matope ndi miyala kuchokera m'phiri la Soche n'kukwirira nyumba za ku Chilobwe mumzinda wa Blantyre. M'dziko lonse anthu oposa 1,000 adafa kapena kusowa, ndipo oposa 600,000 adasamuka m'makomo mwawo. Monga ku Durban, mvula idachokera kumwamba koma kukula kwa ngozi kudakonzedwa pansi pano, ndi nkhwangwa, makala ndi umphawi womwe umakankhira anthu kumapiri.

Chibuda chiliponso ku Malawi. Kumayambiriro a zaka za m'ma 2000 mmonke wa ku Taiwan, Hui Li, adatsegula malo olerera ana amasiye a Amitofo pafupi ndi Blantyre. Kanema wa Buddha in Africa, yemwe adajambulidwa ndi Nicole Schafer n'kupambana mphotho pa chionetsero cha makanema cha ku Durban mu 2019, adaonetsa zabwino zomwe anawo amapeza, komanso funso lovuta loti mwana woleredwa m'chilankhulo ndi chipembedzo chachilendo amatsala ndi chiyani cha kwawo. Funso limeneli ndi lomwe mamishoni a Chikhristu adafunsidwanso kalelo, ndipo likukumbutsa mbali zonse kuti chifundo chopanda kumvetsera chimatha kupweteka.

Pali gulu lachitatu lomwe siliyenera kusiyidwa kunja kwa bwaloli, lomwe ndi la nzeru za makolo. M'midzi yambiri ya ku Malawi ndi kummawa kwa Zambia, nkhalango yokhayo yachilengedwe yomwe yatsala ndi ya kumanda, chifukwa palibe yemwe angayerekeze kudulamo mtengo popanda chilolezo cha mfumu. Nkhalango ya Khulubvi ku Nsanje idakalipo chifukwa cha kachisi wa M'bona. Ku Thailand, kuyambira kumapeto a zaka za m'ma 1980, amonke adayamba kukulunga mitengo ikuluikulu ndi nsalu zawo zachikasu kuti odula aiope. Ku Masvingo m'dziko la Zimbabwe, mipingo yoyambitsidwa ndi anthu akuda idayamba kuphatikiza Mgonero wa Ambuye ndi kubzala mitengo, anthu n'kumaulula kudula mitengo mosasamala ngati tchimo. Njira zonsezi zikunena chinthu chimodzi: munthu amateteza chomwe amachiona kuti n'chopatulika.

Akhristu ndi Abuda a ku KwaZulu-Natal sadagwirizane za Mlengi, za mzimu kapena za moyo wa mtsogolo, ndipo n'kutheka kuti sadzagwirizana. Chomwe aonetsa n'chakuti kusiyanako sikuletsa kuyeza mpweya limodzi, kupita kukhoti limodzi, kapena kusambitsa wodwala limodzi. Akatswiri anena kale kuti mvula yonga ya 2022 idzabweranso msanga kuposa kale. Ntchito yomwe yatsalira matchalitchi, mizikiti ndi akachisi, kuyambira ku Amanzimtoti mpaka ku Chilobwe, ndi yomasulira chenjezo limeneli m'chilankhulo chomwe anthu awo amachimva, kuchonderera maboma kuti apezere osauka malo otetezeka omangapo, ndi kuphunzitsa olemera kuti pali poyenera kulekezera. Madzi akatayika saoleka, koma mtsinje ukasamalidwa kuchokera kugwero umatha kukomanso.